Pantchito ya mitundu yambiri, wapansi akumveka kodi?

Pa 16 Sepitembala 1986, mu mgodi wa golide wa Kinross, pafupi ndi tauni ya Evander ku South Africa, munabuka moto. Amisiri ankawotcherera njanji pansi pa nthaka, botolo la mpweya wowotcherera linagwira moto, ndipo motowo unayanga thovu la pulasitiki lomwe linamatidwa m'makoma a ngalande. Utsi wake unali wa poizoni. Anthu 177 anafa, ambiri mwa iwo chifukwa chobanika.

Eni mgodi atatulutsa mndandanda wa omwalira, azungu asanu anatchulidwa mayina. Akuda 172 anangowerengedwa potengera mitundu yawo: Asotho 45, Axhosa 29, Ashangani 21, Apondo 20, Amalawi 15, choncho mpaka kumapeto. Amuna 15 aja anali ndi mayina, anali ndi mifunda, anali ndi midzi komwe akazi ndi ana ankayembekezera ndalama za ku Joni. Koma m'mabuku a kampani anali "Amalawi" basi, mtundu umodzi mwa mitundu yomwe bwana ankayenera kuiyendetsa.

Masiku ano akuluakulu oyang'anira antchito amakonda kukumana m'mahotela a m'mbali mwa nyanja kukambirana za mmene angayendetsere anthu osiyana mitundu, zipembedzo ndi miyambo pamalo amodzi a ntchito. Nkhaniyi imabwera ngati yatsopano, yochokera m'mabuku a kunja. Chonsecho agogo a Amalawi ambiri anaiona ndi maso awo m'migodi ya ku South Africa, komwe kwa zaka pafupifupi 100 anthu a m'mayiko onse a kum'mwera kwa Africa ankagwirira ntchito pamodzi. Eni migodi sanali mbuli pa nkhani ya chikhalidwe. Ankaidziwa bwino kwambiri, ndipo ankaigwiritsa ntchito. Zomwe anachita ndi phunziro lalikulu kwa aliyense wolemba anthu ntchito, kuyambira mwini shopu ku Limbe mpaka mlembi wamkulu ku Capital Hill.

Njira yawo yoyamba inali kugawa anthu. M'komponi, amuna ankagona motsatira mtundu: Axhosa mbali yawo, Asotho mbali yawo, Ashangani a ku Mozambique mbali yawo, a ku Nyasaland mbali yawo. Mtundu uliwonse unali ndi nduna yake yosankhidwa ndi bwana, osati ndi anthuwo. Ntchito nazo zinkagawidwa potengera mbiri yomwe azungu anapatsa mtundu uliwonse. Asotho ankati ndi akatswiri okumba zitsime zolowera mu mgodi, Apondo ndi Ashangani ankati ndi oboola miyala ndi makina, Azulu ankawakonda pa upolisi wa m'komponi, Abhaca anawasiyira yotaya zonyansa za m'zimbudzi, pomwe Amalawi, ambiri mwa iwo ophunzira kusukulu za mishoni, ankawaona ngati anthu ofatsa, oyenera ukalaliki ndi ukhukhi. Munthu akangotchula kwawo, theka la tsogolo lake pamgodi linali litalembedwa kale.

Zotsatira zake zinaonekera poyera m'zaka za m'ma 1970, pomwe ndewu za pakati pa mitundu zinapha anthu ambiri m'makomponi, makamaka m'migodi ya ku Welkom ndi Carletonville. Eni migodi ankafotokoza kuti awa ndi maudani akalekale a mitundu ya anthu akuda. Koma ofufuza monga Dunbar Moodie, yemwe analemba buku la Going for Gold, anaonetsa kuti ndewu zambiri zinkayambira pa zinthu za pamgodi pomwepo: ndani wapatsidwa ukapitawo, nduna ya mtundu uti ikukondera, ndani wakana kulowa nawo sitalaka. Anthu omwe kwawo anali asanaonanepo n'komwe ankadana chifukwa cha momwe kampani inawaikira, wina pamwamba pa mnzake.

Amalawi analowa ndi kutuluka m'dongosolo limeneli mofuna eni ake. Mu 1913 boma la South Africa linaletsa kulemba anthu ochokera kumayiko otentha a kumpoto chifukwa ankafa kwambiri ndi chibayo, ndipo chiletsochi chinachotsedwa m'zaka za m'ma 1930. Pofika 1973, Amalawi oposa 100,000 anali m'migodi kudzera ku bungwe lolemba anthu ntchito la Wenela. Pa 4 Epulo 1974 ndege ya Wenela yobweretsa anthu ku Blantyre inagwa itangonyamuka ku Francistown, Amalawi oposa 70 anafa, ndipo Dr Kamuzu Banda anaimitsa ulendo wa ku Joni. Unayambiranso mu 1977 kudzera ku bungwe la Theba, koma ndi anthu ochepa. Kenako pakati pa 1988 ndi 1992, monga analembera katswiri wa mbiri yakale Wiseman Chirwa, Amalawi pafupifupi 13,000 anabwezedwa kwawo, ndipo chifukwa chomwe chinaperekedwa chinali chakuti pafupifupi 200 mwa iwo anapezeka ndi HIV. Munthu akamaonedwa ngati mtundu osati ngati munthu, matenda a mnzake amasanduka mlandu wake.

Njira yachiwiri inali chilankhulo, ndipo apa m'pomwe pagona nkhani. Anthu olankhula zilankhulo zoposa khumi sangakumbe mgodi umodzi popanda kumvana, choncho migodi inatenga Fanakalo, chilankhulo chosakaniza chomwe mawu ake ambiri ndi a Chizulu, ena a Chingerezi ndi Chibunu. Ku Zimbabwe chimadziwika kuti Chilapalapa, ku migodi ya ku Zambia Cikabanga. Wobwera kumene ankaphunzitsidwa kwa masiku ochepa asanatsikire pansi: dzina la fosholo, dzina la nyundo, nyamula, kankha, fulumira, ima. Azungu nawo ankachiphunzira kuti azitha kulamula. Chinagwira ntchito yake, chifukwa golide anatuluka wambiri. Koma chinali chilankhulo choyenda njira imodzi, kuchokera pamwamba kutsika pansi.

Komishoni yofufuza za chitetezo m'migodi yomwe inatsogozedwa ndi woweruza Ramon Leon inapeza kuti pakati pa 1900 ndi 1993 anthu oposa 69,000 anafera m'migodi ya ku South Africa, ndipo oposa 1 miliyoni anavulala. Mu lipoti lake la 1995 komishoniyi inadzudzula Fanakalo ponena kuti ndi yokwanira popereka malamulo afupiafupi, koma siingathe kufotokoza kukula ndi mtundu wa ngozi zomwe zimabisala pansi pa nthaka. Woboola miyala ndiye amayamba kumva mwala ukulira mwachilendo pamwamba pa mutu wake. Ndiye amaona kamng'alu komwe dzulo kanalibe. Koma analibe mawu ofotokozera zimenezi mwatsatanetsatane kwa mzungu yemwe anali ndi satifiketi yophulitsira miyala (satifiketi yomwe wakuda sankaloledwa kukhala nayo mpaka kumapeto kwa zaka za m'ma 1980), ndipo ngakhale akanakhala ndi mawuwo, analibe ufulu wokana kulowa. N'chifukwa chake lamulo la zaumoyo ndi chitetezo m'migodi la 1996 linaika ndime yopatsa wantchito ufulu wochoka pamalo omwe akuona kuti ndi oopsa. Zinatengera manda masauzande kuti zimenezi zilembedwe.

Muyeso weniweni wa malo a ntchito a mitundu yambiri ndi umenewu: kodi munthu wapansi kwambiri angathe kunena kuti "apa pali ngozi" kapena "apa ndalakwiridwa" m'chilankhulo chomwe amachidziwa bwino, n'kumvedwa ndi munthu yemwe ali ndi mphamvu yosintha zinthu, popanda kuopa kuti mawa ntchito yatha? Zina zonse, monga tsiku lovala zachikhalidwe, chakudya cha mitundu yosiyanasiyana pa phwando la Khirisimasi ndi zikwangwani zokongola pakhoma, ndi zabwino ndithu, koma siziteteza munthu.

Kuti antchito osiyana mitundu atha kugwirizana, mbiri inaonetsa kalekale, ndipo mmodzi mwa oyamba kuonetsa anali Mmalawi. Clements Kadalie, Mtonga wa kufupi ndi Bandawe m'boma la Nkhata Bay yemwe anaphunzira ku Livingstonia, anayambitsa bungwe la antchito la ICU ku Cape Town mu 1919. Anali mlendo, wosadziwa bwino zilankhulo za kumeneko, koma anasonkhanitsa onyamula katundu padoko, akuda ndi makaladi omwe, ndipo pofika 1927 bungweli linali ndi mamembala pafupifupi 100,000. Patapita zaka, mu 1982, kunabadwa bungwe la ogwira ntchito m'migodi la NUM, mtsogoleri wake James Motlatsi wa ku Lesotho, mlembi wake Cyril Ramaphosa, Mvenda wokulira ku Soweto. Mu Ogasiti 1987 anthu oposa 300,000 ananyanyala ntchito kwa masabata atatu. Anali anthu omwewo omwe eni migodi ankati sangagone chipinda chimodzi osabayana.

Ndipo Fanakalo yomwe ija inadzatembenuka. Ku Marikana mu 2012, oboola miyala a kampani ya Lonmin omwe ankafuna malipiro a R12,500 pamwezi ankalankhulana m'Fanakalo paphiri pomwe anasonkhana, ndipo apolisi okambirana nawo anachita kufuna womasulira. Chilankhulo cha bwana chinali chitasanduka cha antchito, chogwirizanitsa Mpondo, Msotho ndi Mshangani. Chomwe ankapempha mobwerezabwereza chinali chakuti abwana abwere adzalankhule nawo. Abwanawo sanapite kuphiriko. Pa 16 Ogasiti apolisi anawombera n'kupha anthu 34. Vuto silinali kusowa kwa mawu ayi, koma kusowa kwa khutu.

Ku Zambia nkhani yomweyi inabwera ndi nkhope ina. Mu Epulo 2005 fakitale yopanga mabomba ophulitsira miyala ya BGRIMM ku Chambishi, ya eni ake ochokera ku China, inaphulika n'kupha antchito a ku Zambia oposa 40. Mu Okutobala 2010, pa mgodi wa malasha wa Collum ku Sinazongwe, akapitawo awiri a ku China anawombera antchito omwe ankadandaula za malipiro ndi kagwiridwe ka ntchito, n'kuvulaza anthu oposa 10. Atolankhani omwe anafika pamalopo anapeza kuti akapitawo ambiri sankadziwa Chitonga ndipo Chingerezi chawo chinali chochepa zedi, moti malamulo ankaperekedwa ndi manja ndi kukalipa. Mu Ogasiti 2012 antchito okwiya pa nkhani ya malipiro ochepetsetsa omwe boma linali litangolengeza anapha mmodzi wa mabwana a ku China pa mgodi womwewo, ndipo mu 2013 boma linalanda chiphaso cha kampaniyo.

N'kosavuta kunena kuti Matchaina ndi ankhanza kapena kuti anthu akuda ndi aulesi, ndipo mbali zonse ziwiri zinanenadi zimenezi. Katswiri wa za chikhalidwe cha anthu Ching Kwan Lee, yemwe anakhala zaka zingapo akufufuza m'migodi ndi m'makampani a zomangamanga ku Zambia, anapeza kuti kusiyana kwa chikhalidwe kunalipodi. Mabwana a ku China ankanyadira kupirira: kugona malo amodzi, kudya mosawononga, kugwira ntchito maola ambiri kutali ndi mabanja awo. Wantchito wa ku Zambia akakana ovataimu kapena akapempha tchuthi cha maliro, iwo ankaona ulesi. Anthu a ku Zambia nawo poona moyo wodzitsekera wa alendowo anafalitsa mphekesera yoti ndi akaidi otumizidwa kuchokera kwawo. Koma Lee anaonetsanso kuti mkangano weniweni unali pa malipiro otsika ndi ntchito zamaganyu zopanda penshoni, ndipo pa zimenezi makampani a eni ake ochokera ku Ulaya ndi ku India sanali oyera. Munthu wolandira ndalama yosakwanira thumba la ufa ndi lendi sangaone chifukwa chopiririra ngati mnzake yemwe akusunga ndalama zokamangira nyumba kwawo ku China.

Apa sikuti chikhalidwe chilibe kanthu. Chili ndi kanthu, ndipo aliyense yemwe anaimapo pamalo omanga msewu kapena m'fakitale muno m'Malawi anaziona. Foromani wochokera kunja akukalipira bambo wa imvi pamaso pa anyamata a msinkhu wa ana ake. Bamboyo wavula chipewa, wayang'ana pansi, manja wagwira kumbuyo, akuti "ndamva bwana". Kwa Mmalawi aliyense woonerera, ameneyu ndi munthu wamkulu yemwe akumeza manyazi aakulu pofuna kusunga ulemu. Kwa foromani uja, munthu wosayang'ana m'maso ndi wabodza kapena wovomera kulakwa, ndipo "ndamva" watenga ngati "ndagwirizana nazo". Bamboyo akamwetulira chifukwa cha manyazi, foromani akuona mwano. Sabata yamawa ntchito ikadzachitika mosiyana ndi momwe analamulira, adzati anthu a kuno samva. Chonsecho bambo uja ankadziwa kuyambira tsiku loyamba kuti dothi la pamenepo silingagwire maziko otere, koma mwambo womwe anakulira suloleza kutsutsa wamkulu pagulu, ndipo palibe anamuitanira pambali kumufunsa maganizo ake.

Ulemu wa Amalawi ndi chuma, koma pantchito ulemu womwewo umatha kubisa ngozi. Akale anati wakutsina khutu ndi mnansi, komabe m'maofesi ambiri wotsina khutu bwana amatchedwa wamwano, wofuna udindo, kapena wa chipani china. Bwana wanzeru, kaya ndi mlendo kaya ndi wa konkuno, sayembekezera kuti anthu amutsutse pamsonkhano. Amapanga njira zina: kufunsa mmodzimmodzi, kudzera mwa mkulu yemwe antchito adzisankhira okha, kulola bungwe la antchito kugwira ntchito yake mosaopsezedwa.

Koma Amalawi asamaloze chala alendo okha, chifukwa tsankho lopweteka kwambiri m'malo a ntchito muno ndi la pachiweniweni. Kalembera wa 2018 anapeza kuti mwa anthu 17.5 miliyoni, pafupifupi 34 pa 100 alionse ndi Achewa, 19 Alhomwe, 13 Ayao, 10 Angoni, 9 Atumbuka, ndipo palinso Asena, Amang'anja, Atonga, Ankhonde, Alambya ndi ena. Palibe mtundu womwe uli woposa theka. Ofesi iliyonse ya boma, chipatala chilichonse, sukulu iliyonse ya m'tauni ndi malo a mitundu yambiri, ngakhale mutapanda mlendo ndi mmodzi yemwe.

Dziko lino linayesapo kale njira yogawa anthu. Mu 1968 Chitumbuka chinachotsedwa pa wailesi ya boma ndi m'sukulu, ndipo chinabwereranso pa wailesi mu 1994. Mu 1972 msonkhano waukulu wa chipani cha MCP unagamula kuti a Mboni za Yehova achotsedwe ntchito, ndipo anthu zikwizikwi anathawira ku Zambia ndi ku Mozambique. Mu 1989 Dr Banda analamula kuti aphunzitsi abwerere kukaphunzitsa m'zigawo zakwawo, poganizira aphunzitsi a kumpoto kuti ankaphunzitsa mwaulesi dala ana a pakati ndi kum'mwera. Mabanja a aphunzitsi okwatirana mosiyana zigawo anasokonezeka, sukulu zambiri za pakati ndi kum'mwera zinatsala ndi aphunzitsi ochepa, ndipo omwe analipira mtengo wake anali ana omwewo omwe lamulolo linkati likuwateteza. Bala limeneli silinapole bwino. Boma lililonse lomwe labwera kuchokera mu 1994 lanenedwapo kuti likudzaza maudindo ndi anthu a kwawo kwa mtsogoleri, ndipo anthu akamva za kusankhidwa kwa mkulu watsopano wa bungwe la boma, funso loyamba limakhala lakuti kwawo n'kuti, la maphunziro ake limabwera pambuyo.

M'maofesi tsankho lotere silichita phokoso. Limaoneka pamene bwana ndi wachiwiri wake asintha chilankhulo pakati pa msonkhano n'kuyamba cha kwawo, kuseka, kenako n'kubwerera ku Chingerezi chigamulo chitapangidwa kale. Limaoneka pa mndandanda wa opita ku maphunziro a kunja ndi ku misonkhano ya maalawansi. Limaoneka pamene mwayi wa ntchito wamveka kutchalitchi kapena ku gulu la anthu a boma limodzi sabata yathunthu usanatuluke m'nyuzipepala. Palibe cholakwika kulankhula Chiyao, Chitumbuka kapena Chisena pantchito, ndipo ndime 26 ya malamulo aakulu a dziko lino imateteza ufulu wa munthu pa chilankhulo ndi chikhalidwe chake. Cholakwika ndi pomwe chilankhulo chasanduka chitseko cha chipinda chomwe mumagawidwa maudindo.

Malamulo olembedwa alipo okwanira. Ndime 20 ya malamulo aakulu imaletsa kusala munthu chifukwa cha mtundu, khungu, chilankhulo, chipembedzo, ulumali kapena kuti ndi mwamuna kaya mkazi. Lamulo la za ntchito la 2000 limabwereza zomwezo pa kalembedwe, kakwezedwe ndi kachotsedwe ka antchito, ndipo limati munthu asachotsedwe chifukwa cha khalidwe lake asanapatsidwe mpata wodziteteza. Lamulo la 2013 loona kuti pasakhale kusiyana pakati pa amuna ndi akazi limati polemba anthu m'boma, amuna kapena akazi asachepere 40 kapena kupitirira 60 pa 100 alionse, ndipo limafuna kuti olemba ntchito akhale ndi ndondomeko yothana ndi nkhanza zokhudza kugonana. Khothi loona milandu ya apantchito liliponso. Koma mpata wodziteteza uli ndi phindu lanji kwa mlonda yemwe walandira kalata ya Chingerezi cha maloya, n'kukhala kutsogolo kwa mabwana atatu ovala mataye, womasulira wake n'kukhala kapitawo yemweyo amene wamunenera?

Nkhani ya m'minda ya tiyi ikuonetsa kukula kwa phompho limeneli. Mu Febuluwale 2021 kampani ya Camellia ya ku Britain inalengeza kuti yagwirizana zopereka mapaundi 2.3 miliyoni pothetsa madandaulo a amayi 36 omwe ankagwira ntchito m'maesiteti a Eastern Produce ku Mulanje ndi ku Thyolo. Amayiwa ankati anagwiriridwa kapena kuchitidwa nkhanza zina ndi amuna omwe ankawayang'anira. Kampaniyo sinavomere mlandu, koma inalonjeza kuika amayi oyang'anira chitetezo cha anzawo m'minda ndi kuphunzitsa amayi kuti akwere pa maudindo. Chomvetsa chisoni n'chakuti mlanduwu unakasumidwa ku London. Mayi wothyola tiyi wolembedwa ntchito ya nyengo, yemwe kubwereranso kwake chaka chamawa kuli m'manja mwa kapitawo, analibe khomo lomwe akanagogoda pafupi popanda kudutsa mwa mwamuna yemweyo kapena mnzake. Ena amathamangira kunena kuti ndi chikhalidwe cha kumudzi chomwe chimachititsa amayi kukhala chete. Chomwe chinawatseka pakamwa ndi njala ya ana awo ndi dongosolo lomwe linaika mphamvu zonse m'manja mwa munthu mmodzi.

Pali zina zomwe ndi za mwambo zenizeni, ndipo n'zosavuta kukonza ngati anthu akhala pansi. Chachikulu ndi maliro. Makampani ambiri anakopera ndondomeko zawo kumayiko komwe banja ndi mwamuna, mkazi, ana ndi makolo basi, choncho tchuthi cha maliro chimaperekedwa pa anthu amenewa okha. Koma kwa Mchewa, Myao kapena Mlhomwe, malume ndi mwinimbumba, ndipo mphwake yemwe wajomba pa maliro awo sadzakhalanso ndi nkhope kumudzi. Mwana wa mchemwali yemwe munthu wamulera kuyambira ali wakhanda ndi mwana wake, ngakhale fomu ya kampani ilibe malo omulembapo. Msilamu amaika maliro tsiku lomwelo kapena mawa lake, sangadikire kuti bwana abwere ku Lilongwe adzasaine fomu. Wa ku Chitipa yemwe akugwira ntchito ku Blantyre amathera masiku awiri kapena kuposerapo pa msewu pokha, kupita ndi kubwera. Ndondomeko yomwe siona zonsezi imakakamiza anthu oona mtima kunama, n'kumasandutsa malume kukhala bambo, ndipo bwana akazindikira amati Amalawi ndi abodza.

Olemba ntchito nawo ali ndi mfundo, ndipo iyenera kumveka. Fakitale singaime chifukwa theka la antchito lapita ku maliro a mnansi, chipatala sichingatseke Loweruka chifukwa anamwino ena ndi a Seventh Day Adventist, ndipo alipo ndithu anthu omwe amabisala kumbuyo kwa mwambo pofuna kujomba. Koma yankho lake silovuta monga ena amalionera. Wantchito atha kulembetsa pachiyambi mayina a abale angapo omwe iye amawaona kuti ndi apamtima, malume ali momwemo, ndipo masiku a tchuthi cha maliro pachaka akhale ndi malire odziwika kwa onse. Msilamu wofuna ola la Lachisanu masana ndi wa Sabata wofuna Loweruka atha kusinthana mashifiti ndi anzawo opemphera Lamulungu, ndipo m'malo ambiri antchito amachita kale zimenezi paokha mwakachetechete, moopa kuti bwana akadziwa awaletsa. Asilamu ndi pafupifupi 14 pa anthu 100 alionse m'dziko muno, sangakhale nkhani yodzidzimutsa kwa wokonza mashifiti. Chigamulo cha woweruza Zione Ntaba ku khothi lalikulu la Zomba mu 2023, choti ana a Chirasta aziloledwa m'sukulu za boma ndi tsitsi lawo, chinali cha sukulu, koma wolemba ntchito aliyense yemwe amakana munthu chifukwa cha tsitsi kapena hijabu ayenera kudzifunsa ngati chifukwa chake chingaime pamaso pa khothi.

Zomwe zikufunika sizidula ndalama zambiri. Unduna wa za ntchito, bungwe la olemba ntchito la ECAM ndi mgwirizano wa mabungwe a antchito wa MCTU atha kugwirizana kuti kontirakiti, malangizo a chitetezo ndi kalata iliyonse yoimba wantchito mlandu zizilembedwa m'chilankhulo chomwe iye amawerenga, ndipo pomuzenga akhale ndi womasulira yemwe wadzisankhira. Nthambi yoona za olowa ndi otuluka m'dziko, popereka chilolezo chogwira ntchito kwa mlendo yemwe azidzayang'anira anthu, itha kufunsa umboni woti angathe kulankhulana nawo kapena kuti pali womasulira wolembedwa ntchito yomweyo. Mabungwe a boma atha kumasindikiza chaka chilichonse chiwerengero cha omwe alembedwa ndi kukwezedwa, amuna angati, akazi angati, ochokera m'maboma ati, kuti mphekesera za "wakwathu" zitsimikizike kapena zife. Ndipo pamalo aliwonse pomwe pali antchito ambiri pakhale njira yoperekera dandaulo yosadutsa mwa kapitawo, yokhala ndi mayi yemwe amayi anzake angamufikire, komanso oyendera malo a ntchito ochokera ku unduna azicheza ndi antchito paokha, bwana ali panja.